Kodi wofuna khoti wakana kukhululuka? Yankho kwa mayi wa ku Bangwe

Funso: "Ndine Msilamu, ndimakhala ku Bangwe ndipo ndimagulitsa zitenje mumsika wa Limbe. Mwana wanga wamkazi anandiwerengera pa foni nkhani ya mayi wa ku India, Bilkis Bano, amene anagwiriridwa ndi kuphedwera abale pa zipolowe, ndipo wayenda m'makhoti zaka zoposa 20. Usiku umenewo tulo sitinabwere. N'chifukwa chiyani chilungamo chimachedwa chonchi anthu ochepa akalakwiridwa? Kodi zoterezi zingachitike kuno? Ndiponso kukabuka mkangano, akuluakulu athu amati tikhululuke, tisapite nazo patali. Ndiye kuti wofuna khoti alibe chikhulupiriro?"

Mayi, zikomo chifukwa cha kalata yanu. Ndiyamba ndi funso lomaliza poti yankho lake ndi lalifupi. Ayi, wofuna khoti sanataye chikhulupiriro. Kukhululuka ndi nkhani ya mtima wanu ndi Mulungu wanu, ndipo palibe shehe, m'busa kapena mfumu amene angakhululuke m'malo mwa munthu amene wapsa nyumba. Kuzenga mlandu wotentha nyumbayo ndi ntchito ya boma. Ziwirizi zikhoza kuyendera limodzi. Ndagwira ntchito ya malamulo kuno ku Blantyre zaka zambiri, ndakhalanso pa mikumano yoyanjanitsa anthu a zipembedzo zosiyana, ndipo chimene chimandiwawa n'choti kawirikawiri timagwiritsa ntchito mawu oti "tikhululukirane" potseka pakamwa wolira, wolakwa asanatchulidwe n'komwe dzina.

Tsono tibwere ku India, chifukwa nkhani ya mayi Bilkis siimveka popanda kudziwa pamene inayambira.

Pa 27 February 2002, mbali ina ya sitima ya pamtunda inapsa pa Godhra, m'chigawo cha Gujarat, ndipo anthu 59 anafa, ambiri mwa iwo Ahindu ochokera ku Ayodhya. Kutacha, magulu a anthu anayamba kusaka Asilamu m'chigawo chonse, anthu amene sanaione n'komwe sitimayo. Boma la India linauza nyumba ya malamulo kuti anaphedwa Asilamu 790 ndi Ahindu 254, ndipo ena 223 anasowa. Mabungwe omenyera ufulu amati chiwerengero chenicheni chinaposa pamenepo. Ku India Asilamu ndi pafupifupi 14 pa anthu 100 alionse, malinga ndi kalembera wa 2011. Kuno kwathu kalembera wa 2018 anapeza 13.8. Mwina n'chifukwa chake nkhaniyi inakulandani tulo, chifukwa manambalawo akufanana kwambiri.

Bilkis anali ndi zaka 21 komanso pakati pa miyezi isanu. Iye ndi abale ake anathawa kumudzi, n'kumabisala, mpaka pa 3 March pamene gulu linawapeza. Anagwiriridwa ndi amuna angapo, ena oti ankawadziwa kuyambira ali mwana. Mwana wake wamkazi wa zaka zitatu anaphedwa iye akuona, pamodzi ndi abale ena. Apa ndikupemphani mumvetsetse, chifukwa kuchedwa konse kwa zaka 22 kunabadwira pa tebulo limodzi la kupolisi. Bilkis anafika kupolisi n'kutchula mayina a omulakwira. Wapolisi wolemba sitetimenti sanalembe mayinawo, ndipo nkhani anaipotoza. Bilkis sankadziwa kuwerenga, choncho anadinda chala pa pepala limene silinkanena zimene iye ananena. Patapita chaka, apolisi anati umboni palibe, doketi n'kutsekedwa.

Nkhaniyo ikanathera pomwepo bungwe la dzikolo loona za ufulu wa anthu likanapanda kumuthandiza kukafika ku Supreme Court. Khotilo linalamula kuti afufuze ndi apolisi ena, a likulu la dziko, osati a m'chigawomo. Iwo anakafukula mitembo, anapeza kuti inakwiriridwa ndi mchere kuti iwole msanga. Mu 2004 mlandu unasamutsidwira ku Mumbai chifukwa Bilkis ankaopsezedwa, moti banja lake linkangosamukasamuka. Mu 2008 amuna 11 anagamulidwa kukhala kundende moyo wonse. Pa 15 August 2022 boma la Gujarat linawatulutsa onse, ndipo ena anakawalandira ndi maluwa ndi maswiti. Bilkis anabwereranso kukhoti, ndipo pa 8 January 2024 Supreme Court inagamula kuti boma la Gujarat linalibe mphamvu yowamasula, popeza mlandu unazengedwera m'chigawo china, n'kulamula kuti abwerere kundende.

Ndiye mukafunsa kuti chilungamo chimachedweranji, yankho loyamba ndi limeneli: amene ali ndi cholembera tsiku loyamba nthawi zambiri amakhala wa mbali ya ochuluka, ndipo opha aja ndi anansi ake kapena anthu a chipani chimene chimamulamula. Makolo anati mlandu suola, ndipo n'zoona. Koma umboni umaola. Mabala amapola, phulusa limasesedwa, mboni imasamuka kapena imafa. Zaka zonse zotsatira zimathera pokonza chimene chinawonongedwa m'masiku atatu oyamba.

Chachiwiri ndi mantha a mboni. Pa zipolowe zomwezo, anthu 14 anaphedwa pamalo ophikira buledi otchedwa Best Bakery mumzinda wa Vadodara. Mu 2003 oimbidwa mlandu onse 21 anamasulidwa chifukwa mboni zitafika m'khoti zinasintha mawu. Munthu amene sanakhalepo mboni amafulumira kunena kuti anagulidwa. Koma taganizani, mayi: mwaperekera umboni m'mawa, madzulo mukukwera minibasi imodzi ndi m'bale wa munthu amene mwamuloza chala, mwana wanu akuphunzira kalasi imodzi ndi mwana wake. Supreme Court itasamutsa mlanduwo kupita ku Mumbai, mu 2006 anthu 9 anapezeka olakwa. Malo ozengera mlandu okha anasintha chigamulo.

Sikuti onse anapeza chimene Bilkis anapeza. Pa 28 February 2002 anthu 69 anaphedwa pa Gulberg Society, malo a nyumba zokhalamo mumzinda wa Ahmedabad, pakati pawo Ehsan Jafri amene anakhalapo phungu wa nyumba ya malamulo. Anansi anathawira kunyumba kwake poganiza kuti apolisi sangalekerere nyumba ya munthu wotchuka chotero. Mkazi wake, Zakia Jafri, anatha zaka pafupifupi 20 akufuna kuti akuluakulu a boma la chigawocho, kuphatikizapo Narendra Modi amene ankalamulira Gujarat pa nthawiyo, afunsidwe mlandu. Gulu lofufuza limene khoti linasankha linati silinapeze umboni wokwanira kumuzenga mlandu, ndipo mu June 2022 Supreme Court inagwirizana nalo. Mayiyo anamwalira mu February 2025. Kwina ku India komweko, ku Hashimpura, apolisi a boma anatenga amuna a Chisilamu pa lole mu May 1987 n'kukawombera oposa 40. Apolisi 16 anagamulidwa mu October 2018, patatha zaka 31. Oponya miyala ndi ogwira zikwanje nthawi zina amagwidwa. Amene anawatuma, kapena amene anauza apolisi kuti ayang'ane kumbali, ndi ovuta kuwafikira, chifukwa lamulo lotero sililembedwa papepala.

Pali bodza lina limene ndikufuna mulichotse m'mutu, loti zipolowe zotere zimangobuka ngati moto wa m'tchire chifukwa anthu apsa mtima. Anthu amapsa mtima tsiku lililonse mumsika wa Limbe, koma sitiona misika ikuyaka. Kuti mkwiyo usanduke kupha anthu mazana pamafunika wina wopereka galimoto, wina wogula mafuta, wina wodziwa kuti nyumba iyi ndi ya ndani. Bungwe la Human Rights Watch linalemba kuti ku Gujarat magulu ena ankayenda ndi mapepala a mayina ndi malo okhala Asilamu. Pamafunikanso wina wopindula. Mu December 2002 chipani cholamula cha BJP chinapambana mipando 127 mwa 182 m'chigawomo. Anthu akachita mantha amavota monga gulu, ndipo wandale wodziwa zimenezi amaona phindu pogawa anthu. Zikatha zipolowe kugawikanako kumakhazikika: ku Ahmedabad Asilamu ambiri anasamukira kudera limodzi lotchedwa Juhapura, ndipo ana akukula osakhalapo ndi mnansi wa chipembedzo china. Munthu amene sunadyepo naye m'mbale imodzi n'chapafupi kukhulupirira bodza lililonse lonena za iye.

Tsopano za kuno. Kodi zingachitike? Sindikuopsezani, koma sindikunamizaninso. Malawi si India. Tilibe mbiri ya dziko logawidwa pakati chifukwa cha chipembedzo ngati mmene zinachitikira kumeneko mu 1947. Tinasankha Msilamu, Bakili Muluzi, kukhala mtsogoleri wa dziko mu 1994 ndi mu 1999. Tsiku la Eid ndi tchuthi cha tonse. M'mabanja ambiri kuno kummwera mumapeza azakhali a ku mzikiti ndi amalume a ku CCAP, onse akusonkhera maliro amodzi. Komabe utsi tinauonapo. Zotsatira za chisankho cha June 1999 zitalengezedwa, mizikiti ingapo inatenthedwa m'chigawo cha kumpoto. Anthu amene anataya malo awo opempherera sanabe voti ya munthu, tchimo lawo linali kupemphera mofanana ndi wopambanayo.

Mu June 2003 amuna asanu ochokera kunja anamangidwa kuno ku Blantyre powaganizira kuti amathandiza gulu la Al-Qaeda. High Court inalamula kuti asatulutsidwe m'dziko muno, koma anatulutsidwabe, ndipo pambuyo pake anamasulidwa ku Sudan popanda mlandu. Kunachitika ziwawa kuno mumzinda, ndipo ku Mangochi matchalitchi anawonongedwa. Nkhani imeneyi ndimaikumbutsa anthu a mbali zonse. Kwa boma: lamulo la khoti likanyozedwa, anthu amaphunzira kuti khoti si lawo, ndipo amatola miyala. Kwa abale anga a Chisilamu: ku Mangochi Akhristu ndiwo ochepa, ndipo amayi amene anapeza mawindo a tchalitchi chawo ali pansi analibe mbali pa kumangidwa kwa amuna aja. Mantha amene inu munamva pomva za Bilkis, iwo anawamva tsiku limenelo. Wochuluka pano ndi wochepa kwina.

Mu November 2019, mkangano wa hijabu pa sukulu ya M'manga ku Balaka unafika povulazana ndi kuwononga nyumba zopemphereramo. Mu 2020 kuno ku Blantyre tinakangana pa chikwangwani cha pamsewu cholimbikitsa anthu kuwerenga Qur'an, chimene atsogoleri ena a Chikhristu anati chikunyoza Baibulo. Nkhani ziwirizi zinathera pa tebulo. Bungwe la Public Affairs Committee, limene lakhala likuphatikiza Akhristu ndi Asilamu kuyambira 1992, linatsogolera zokambirana, ndipo mu June 2021 panasainidwa mgwirizano wolola atsikana kuvala hijabu yogwirizana ndi yunifolomu m'sukulu zimene eni ake ndi mipingo. Imeneyi inali ntchito yabwino ndipo ndimaiyamikira ndi mtima wonse. Kukambirana ndi njira yoyenera pa nkhani ya kavalidwe, ya chikwangwani, ya phokoso la zokuzira mawu m'bandakucha kapena la mapemphero a usiku wonse. Palibe jaji amene angakonze zimenezo kuposa anthu okhala moyandikana.

Vuto limabwera tikatenga mankhwala omwewo n'kupaka pa bala la mtundu wina. Zaka zingapo zapitazo ndinaitanidwa ku mkumano woyanjanitsa m'dera lina la mzinda uno, anyamata atagendana kutsatira mkangano wa malire pakati pa nyumba ziwiri zopemphereramo. Tinakhala m'kalasi ya pulayimale, akuluakulu atapanikizika pa madesiki a ana. Kunatsegulidwa ndi pemphero la mbali iyi, kunatsekedwa ndi dua ya mbali inayo. Atsogoleri anagwirana chanza, wina anajambula pa foni, zakumwa zinagawidwa. Tikutuluka, gogo wina amene anakhala chete kumbuyo pafupi ndi khomo, atafunda chitenje kumutu, anandigwira dzanja nati: "Bambo, nanga malata anga?" Nyumba yake inali pakati pa magulu awiriwo. Miyala inaboola malata anayi, mvula inali pafupi, ndipo aliyense m'chipindamo ankadziwa mayina a anyamata amene anagenda. Pa maola atatu onse palibe amene anatchula dzina limodzi. Ndinabwerera kunyumba ndili wolemedwa, chifukwa nanenso ndinali m'gulu la amene anaona kuti mkumano wayenda bwino. Anyamata aja anaphunzirapo chinthu tsiku limenelo, kuti ukagenda uli m'gulu ndipo ukutchula dzina la Mulungu, sulipira.

N'chifukwa chake ine ndimati, pamene pathyoledwa, patenthedwa, pavulazidwa kapena pagwiriridwa munthu, akuluakulu ayanjanitse magulu, inde, koma wolakwayo akayankhe yekha ndi dzina lake. Izi zimatetezanso gulu lake. Mlandu ukakhala wopanda mwini umagwera mtundu wonse, anthu n'kumati "Asilamu anatentha" kapena "Akhristu anagenda", pamene anatentha ndi anyamata asanu odziwika.

Malamulo athu ali kumbali yanu. Gawo 33 la malamulo aakulu a dziko limapatsa aliyense ufulu wa chipembedzo, gawo 20 limaletsa tsankho, gawo 41 limati aliyense ali ndi ufulu wokafika kukhoti ndi kulandira thandizo lenileni. Ndipo makhoti athu asonyezapo kuti angathe kuimira ochepa. Mu May 2023 High Court ku Zomba inagamula kuti ana a Chirasta asaletsedwe sukulu za boma chifukwa cha tsitsi lawo. Mu August 2020 High Court inalamula kuti amayi 18 a ku Msundwe ndi madera oyandikana nawo, amene anadandaula kuti anachitidwa nkhanza ndi apolisi, apatsidwe chipukuta misozi. Amayiwo sanayende okha, anayenda ndi bungwe la maloya aakazi. Bilkis nayenso sanayende yekha. Mwamuna wake sanamusiye, ndipo panali maloya ndi omenyera ufulu, ambiri mwa iwo osakhala Asilamu, amene anamugwira dzanja zaka zonsezo.

Ngati tsoka lotere litakugwerani, kapena litagwera mnansi wanu wa mpingo uliwonse, masiku oyamba ndiwo a golide. Musasese msanga, jambulani kaye, ndipo zithunzizo mutumize kwa m'bale wakutali kuti foni ikatayika zisatayike. Wovulala apite kuchipatala tsiku lomwelo ndipo pepala la dokotala lisungidwe ngati ndalama. Kupolisi musapite nokha. Pitani ndi munthu wodziwa kuwerenga, tchulani mayina amene mukuwadziwa, ndipo musanasaine kapena kudinda chala pemphani kuti sitetimenti iwerengedwe mokweza m'chilankhulo chimene mukumva. Ngati dzina lasiyidwa, kanani kusaina mpaka lilembedwe. Si mwano umenewo, ndi ufulu wanu. Lembani tsiku, dzina la wapolisi ndi nambala ya nkhani yanu m'buku lawo. Mukafika kunyumba lembaninso zonse m'kope lanu zikadali m'mutu, chifukwa pakatha zaka zisanu loya wa mbali inayo adzakufunsani ngati linali Lachitatu kapena Lachinayi. Apolisi akamazengereza pali Malawi Human Rights Commission, pali ofesi ya Ombudsman, pali Independent Complaints Commission yolandira madandaulo okhudza apolisi, ndipo wosowa ndalama ya loya apite ku Legal Aid Bureau. Milandu yofuna chipukuta misozi ili ndi malire a nthawi, choncho musadikire kuti zokambirana za akuluakulu zithe kaye.

Koma chitetezo chanu chachikulu, mayi, chili pamene mumakhala tsiku lonse. Katswiri wina, Ashutosh Varshney, anafufuza zipolowe za Ahindu ndi Asilamu kuyambira 1950 mpaka 1995, napeza kuti pafupifupi theka la imfa zonse zinachitika m'mizinda isanu ndi itatu yokha. Mizinda ina yokhala ndi Asilamu ochuluka chimodzimodzi inakhala bata. Kusiyana kwake kunali koti m'mizinda ya bata anthu a zipembedzo ziwirizi anali limodzi m'mabungwe a amalonda, a antchito ndi ena otero, moti mphekesera ikabuka ankaimbirana n'kuizimitsa isanakule. Ndikawerenga zimenezi ndimaona komiti ya msika wanu, banki m'khonde, chipereganyu cha amayi a pamzere wa zitenje, gulu la akabaza pa siteji. Mayi wa Mvano amene amakuyang'anirani benchi Lachisanu mukapita ku swala, amene inunso mumamugulitsira katundu akapita ku maliro, ndi khoma lolimba kuposa mpanda wa njerwa. Magulu amenewa musalole kuti agawike n'kukhala a mzikiti okha kapena a tchalitchi okha, ngakhale wina atabwera ndi ndalama zoyambira. Ndipo nyengo ya kampeni ikafika, tcherani khutu kwa aliyense amene akuyamba kuwerenga mavoti potengera nyumba zopemphereramo.

Kunena za foni ya mwana wanu, mavidiyo a ku India, ku Nigeria kapena kwina amafika pa WhatsApp opanda tsiku, opanda malo, ena akale, ena onamiziridwa. Ku India komweko anthu aphedwapo chifukwa cha uthenga wabodza wa pa WhatsApp. Muuzeni kuti asatumize chimene sakudziwa gwero lake, makamaka chokhala ndi mawu oti "onani zimene akutichita".

Nkhani ya Bilkis yokha apitirize kukuwerengerani, ndipo afufuze mbali imene ambiri amaidumpha. Mu May 2017 High Court ya ku Mumbai inapeza olakwa apolisi asanu ndi madokotala awiri chifukwa chosokoneza umboni pa mlandu wake. Mu 2019 Supreme Court inalamula boma la Gujarat kuti limupatse ndalama zokwana 5 miliyoni za kumeneko, ntchito ndi nyumba. Mwana amene anali m'mimba tsiku lija anabadwa wamoyo, ndi wamkazi, ndipo pamene amuna 11 aja ankabwerera kundende ya ku Godhra mu January 2024 anali atafika msinkhu umene mayi ake anali nawo pa tsiku la tsokalo.